Zipangizo zofufuzira mbali zobisika m'dziko la Mbandakucha: mafunso ndi mayankho

Kwa nthawi yaitali ndakhala ndikusimbira ana, kenako ndi akuluakulu omwe, nthano za dziko lina la kumaloto limene ndinalitcha Mbandakucha. Kumeneko dzuwa silituluka lonse. Limangosuzumira kuseri kwa mapiri, nthanda ili poteropo, ndipo anthu ake ali ndi ntchito imodzi imene amaiika pamtima kuposa zonse: kufufuza mbali za chilengedwe zimene maso saona. Chodabwitsa n'chakuti omvera safunsa kwambiri za anthu a m'nthanozo. Amafunsa za zipangizo zawo. Mafunso amene amabwera kawirikawiri ndi awa.

Kodi zipangizo zimenezi zilipodi?

Ayi. Simungazigule pamsika, ndipo palibe sukulu yaukachenjede imene ili nazo. N'zopeka. Koma sindinazipeke mwachisawawa. Chilichonse chaima pa lamulo lenileni la masamu, kapena chili ndi mbale wake weniweni amene asayansi anamangapo. Choncho powerenga musiyanitse zinthu ziwiri. Ndikati "ku Mbandakucha", imeneyo ndi nthano. Ndikatchula dzina la munthu, mzinda ndi chaka, zimenezo zinachitikadi pansi pano. Ndimasamala kuti ziwirizi zisasakanikirane, chifukwa mwana amene wamva nthano usiku amakaifotokoza m'kalasi m'mawa mwake.

Mukati "mbali zobisika" mukutanthauza chiyani?

Tengani njerwa. Ili ndi mulitali, mulifupi ndi msinkhu. Kangaude akalendewera pakati pa chipinda, mukhoza kuuza mnzanu pamene ali ndi manambala atatu okha: mtunda wochokera kukhoma la kumaso, wochokera kukhoma la m'mbali, ndi wochokera pansi. Nambala yachinayi sifunika. Zitatuzi ndi zimene pa Chingerezi amati dimensions. Ine ndimangoti mbali, popeza ndi kumene chinthu chingalowere: kutsogolo kapena kumbuyo, kumanja kapena kumanzere, m'mwamba kapena pansi.

Mbali yachinayi ndi kolowera kwina kumene sikuli pa zitatuzi. Musavutike kuloza ndi chala. Chalacho chinaumbidwa m'mbali zitatu, ndipo kulikonse kumene chingaloze ndi kwathu konkuno.

Mbali ikhoza kubisika m'njira ziwiri. Ingakhale yaikulu ndithu, koma ife n'kukhala omatirira pa zathu zitatuzi ngati munthu wojambulidwa pakhoma, amene sangatsike n'kulowa m'chipinda ngakhale chipindacho chili pamphuno pake. Kapena ingakhale yaing'ono zedi, yopindika n'kubwerera pomwe yayambira. Bango mukaliona patali limangooneka ngati mzere, koma nyerere imene ili pabangopo imadziwa kuti ikhoza kulizungulira. Kuzungulira kumeneko ndi mbali ina imene inu muli kutaliko simukuiona.

Bwanji osangopeka galasi lamphamvu loti munthu akasuzumiramo aone mbali yachinayi?

Funso ili ndimalikonda chifukwa yankho lake ndilo tsinde la zipangizo zonsezi.

Galileo, wasayansi wa ku Italy, atapanga galasi lake loonera kutali mu 1609, anaona miyezi inayi yozungulira pulaneti yotchedwa Jupiter mu Januwale 1610. Koma galasi silinalenge kanthu. Linangoyandikitsa zimene kuwala kunali kutabweretsa kale. Ngati kuwala kumayenda m'mbali zathu zitatu zokhazi, galasi lingakule bwanji, lidzakuonetsani za m'mbali zomwezi. Ndiponso diso lenilenilo ndi losauka kuposa mmene timaganizira. Chithunzi chimagwera pa kachikopa kakumbuyo kwa diso, ndipo chimakhala chopanda kuya. Kuya timachita kukupanga m'mutu poyerekeza zimene maso awiri aona. Tsekani diso limodzi muyese kulowetsa ulusi pasingano, mumva zimene ndikunena.

Ndiye anthu a ku Mbandakucha amachita ngati alenje. Mlenje sadikira kuti aone nyama maso ndi maso. Amawerenga mapazi, udzu wogona, ndowe, ndi mbalame zimene zasiya kulira. Zipangizo zawo zonse n'zowerengera mapazi: chithunzithunzi, mawu, mphamvu imene yaperewera, chinthu chimene chatembenuka mosayenera.

Palinso chifukwa cha unthano. Galasi loona zonse limapha nthano. Munthu akangosuzumira n'kuona, palibenso chotsutsana, palibe cholakwitsa, palibe chodikira.

Dziwe la bata limagwira ntchito bwanji?

Ichi ndicho chipangizo chakale kuposa zonse kumeneko, ndipo ana amayambira pamenepa. Ndi dziwe lozungulira, lotchingidwa ndi mpanda wa bango kuti mphepo isalikhudze. Pamwamba pake amawazapo ufa pang'ono kuti madzi akagwedezeka aonekere.

Taganizani za kachilombo kokhala pamwamba pa madziwo, kosadziwa kuti pansi pali kuya, kosadziwanso kuti kumwamba kuli mlengalenga. Mukaviika zala zitatu, iko sikaona dzanja. Kamangoona tinthu titatu tozungulira tati balamanthu, popanda kochokera. Mukalowetsa dzanja lonse, titatuto timalumikizana n'kukhala chinthu chimodzi chachikulu. Mukachotsa, zonse zazimirira. Kwa kachilomboko n'zozizwitsa. Kwa inu ndi dzanja chabe.

Mwana akamvetsa zimenezi amapita naye ku nyumba ya utsi, imene yamangidwa pambali pa dziwelo. Ndi nyumba yopanda zenera, yodzaza utsi wa bata. Tsopano kachilombo ndi iyeyo. Chinthu chozungulira cha mbali zinayi chikamadutsa, mu utsimo mumatulukira kadontho. Kamakula kufika ngati mtedza, kenako lalanje, kenako dzungu, n'kuyambanso kuchepa mpaka kuzimirira. Olondera amayesa kukula kwake pa kugunda kulikonse kwa ng'oma, n'kulemba. Akasanja miyeso yonseyo motsatana amadziwa maonekedwe a mlendo amene wadutsa, ngakhale palibe amene wamuona wathunthu.

Masamu ake ndi oona: mukamadula mpira wa mbali zinayi, chidutswa chilichonse chimakhala mpira wamba. Amene anafalitsa kaganizidwe kotere ndi mphunzitsi wamkulu wina wa ku London, Edwin Abbott Abbott, m'buku lake la mu 1884 lotchedwa Flatland. Ndipo kumanga chinthu chathunthu kuchokera ku zidutswa zosanjikiza ndi zimene makina a CT scan amachita kuchipatala akamaunika m'thupi la wodwala.

Nanga lichero la zithunzithunzi?

Pa zipangizo zonse, ichi ndicho chapamtima panga, ndipo ndikhalitsapo pang'ono.

Ndi lichero lolukidwa ndi nsungwi zopyapyala kwambiri moti kuwala kumadutsa. Wopeta amaima pamtunda dzuwa likusuzumira, n'kuwola zithunzithunzi zimene zagwera pabwalo, n'kuyamba kupeta monga amayi amapetera chimanga chokonola. Zithunzithunzi za zinthu wamba, za mtengo, za mbuzi, za nkhokwe, n'zopepuka chifukwa zilibe thupi. Zimauluka ngati gaga. Koma mwa apo ndi apo m'licheromo mumatsala kanthu kolemera.

Chifukwa chake n'ichi. Chinthu cha mbali zitatu chimaponya chithunzithunzi cha mbali ziwiri, chogona pansi. Ndiye chinthu cha mbali zinayi chiyenera kuponya chithunzithunzi cha mbali zitatu, chokhala ndi mulitali, mulifupi ndi msinkhu. Chithunzithunzi choti mukhoza kuchizungulira, kuchiyang'ana kumbuyo, ngakhale kuchinyamula.

Chimene chimatsala kawirikawiri chimaoneka ngati kabokosi kakang'ono kali m'kati mwa bokosi lalikulu, ngodya iliyonse ya kam'katiko italumikizidwa ndi mzere ku ngodya ya lakunjalo. Wopeta amawerenga ngodyazo mmodzimmodzi, mokweza, kuti onse amve. Sikweya yojambula papepala ili ndi ngodya 4 ndi mizere 4. Bokosi lili ndi ngodya 8 ndi mizere 12. Akawerenga n'kupeza ngodya 16 ndi mizere 32, pabwalo ponse pamati zii, chifukwa chimenecho ndi chithunzithunzi cha bokosi la mbali zinayi. Bokosi wamba limatchingidwa ndi masikweya 6. Ili limatchingidwa ndi mabokosi athunthu 8. Dzina lake lakuti tesseract linaperekedwa ndi Charles Howard Hinton mu 1888, munthu amene anathera zaka zambiri akuloweza timabokosi tamitundumitundu kuti azolowetse mutu wake kuganiza m'mbali zinayi.

Chokoma kwambiri chimachitika mwini chithunzithunzicho akayamba kutembenuka kumene aliko. Kabokosi kam'kati kamafufuma n'kutuluka panja, lakunja lija n'kuchepa n'kulowa m'kati, kenako n'kubwerezanso, popanda mzere ndi umodzi womwe woduka. Oona kumene amaganiza kuti chinthucho chikudzimeza chokha. Wopeta wodziwa ntchito amawauza kuti palibe chikufufuma, palibe chikuchepa. Chinthucho chikungotembenuka, ndipo mbali imene yayandikira kochokera kuwala ndiyo ikuoneka yaikulu.

Ng'oma ingaone bwanji kanthu?

Siona, imamva. Woimba ng'oma aliyense amadziwa kuti kalilidwe ka ng'oma kamaulula mmene ng'omayo ilili. Yaikulu ili ndi mawu ake, yaing'ono ili ndi ake. Mukaiwamba pamoto mawu amakwera, mukamatapo phula pakati amatsika.

Mu 1787 Ernst Chladni wa ku Germany anaonetsa kuti mawu akhoza kujambulika. Ankawaza mchenga pachitsulo chopyapyala n'kukhukhuza m'mphepete mwake ndi uta wa vayolini. Mchengawo unkathawa pamene pakunjenjemera n'kukaunjikana pamene pali phee, ndipo mawu aliwonse ankatulutsa maluko akeake.

Ng'oma ya mchenga ya ku Mbandakucha ndi yotambalala ngati mphasa. Maluko onse amene ng'oma yotero iyenera kutulutsa analembedwa kale pansalu ndi akuluakulu. Woimba amamvetsera mawu owonjezera amene sali pansalupo. Ngati mawu achilendowo akukwera motalikirana mofanana ngati makwerero, ndiye kuti kunjenjemerako kukuzungulira m'mbali ina yaing'ono yopindika, monga nyerere ija pabango. Mbaliyo ikachepa kwambiri, makwererowo amatalikirana kwambiri.

Apa nthano yabwereka kwa asayansi. Mu 1919 Theodor Kaluza analembera Albert Einstein kuti mukawonjeza mbali imodzi m'masamu ofotokoza mphamvu yokoka, imene imagwetsa zinthu pansi, malamulo a magetsi ndi maginito amatulukamo okha. Ntchitoyo inasindikizidwa mu 1921. Mu 1926 Oskar Klein wa ku Sweden anafotokoza chifukwa chake sitiiona mbaliyo: ndi yopindika, ndipo ndi yaing'ono kuposa atomu kutalitali. Masamu amati mbali yotero ikanakhalapo, tinthu ting'onoting'ono timene timapanga chilengedwe tikanakhala ndi abale ofanana nato koma olemererapo, osanjikizana ngati makwerero omwe aja.

Koma ng'oma ili ndi malire, ndipo ndinawasiya dala m'nthano. Mu 1966 katswiri wa masamu Mark Kac anafunsa ngati munthu angadziwe maonekedwe a ng'oma pongomva kulira kwake. Mu 1992 Carolyn Gordon, David Webb ndi Scott Wolpert anapeza ng'oma ziwiri zosiyana maonekedwe koma zolira chimodzimodzi. Choncho ku Mbandakucha umboni wa ng'oma sulandiridwa wokha. Pamafunika mboni yachiwiri.

Mboni yachiwiriyo ndi sikelo ya ulusi wa kangaude?

Kawirikawiri inde. Ndi kaphesi kopyapyala, kali ndi kamwala mbali iyi ndi kamwala mbali inayo, kolendewera pa ulusi wa kangaude m'kati mwa mtsuko waukulu wotseka. Woyesa amakankhira mwala waukulu pafupi, n'kukhala pansi kudikira. Pakapita nthawi kaphesiko kamapotoka pang'ono kwambiri, chifukwa chinthu chilichonse cholemera chimakoka chinzake.

Mphamvu yokokayi ili ndi lamulo lodziwika. Mtunda ukawirikiza kawiri, mphamvu imatsala gawo limodzi la magawo anayi, chifukwa ikumwazikira m'mbali zitatu. Ikanakhala kuti ikumwazikira m'mbali zinayi, ikanatsala gawo limodzi la magawo asanu ndi atatu. Alimi a mthirira amazidziwa bwino zimenezi. Mukatsegula madzi ambiri kumtunda kwa ngalande koma kumunda n'kufika ochepa, simufunika kuona dzenje la mfuko kuti mudziwe kuti lilipo. Sikeloyi imafufuza mphamvu imene yathawira kwina.

Pa zipangizo zonse, ichi ndicho chimene chili pafupi kwambiri ndi zenizeni. Henry Cavendish anagwiritsa ntchito sikelo yopotoka yotere mu 1798, ya mipira ya mtovu, poyesa kulemera kwa dziko lapansi. Mu 1998 Nima Arkani-Hamed, Savas Dimopoulos ndi Gia Dvali anafunsa chifukwa chake mphamvu yokoka ili yofooka chonchi, moti kamaginito kakang'ono kamanyamula msomali dziko lonse likuukokera pansi. Ganizo lawo linali lakuti mwina mphamvuyo imatayikira m'mbali zina zobisika, zimene zingafike pafupifupi milimita imodzi kukula kwake. Gulu la asayansi a ku University of Washington ku Seattle lakhala likuyesa zimenezi ndi masikelo opotoka osamalidwa zedi. Mu 2020 anafika poyesa zinthu zotalikirana ndi ma micrometre 52 okha, pafupifupi kunenepa kwa tsitsi limodzi, ndipo lamulo lakale lija silinagwedezeke.

Chingwe cha mfundo ndi nkhali yomata n'za chiyani?

Izi ndi misampha. Amazitchera n'kuchokapo.

Chingwe amachimanga mfundo, kenako nsonga zake ziwiri amaziluka pamodzi kuti chikhale nkhata yopanda mapeto. M'mbali zitatu mfundo yoteroyo singamasuke pokhapokha mutadula chingwe. M'mbali zinayi mfundo ya chingwe siigwira n'komwe, chifukwa chingwe chikhoza kulambalala chinzake podzera kumbali yachinayi, monga inu mumadumphira chingwe chogona pansi chimene kwa nyerere ndi mpanda. Akapeza nkhatayo ilibe mfundo koma yosaduka, amadziwa kuti pamalopo padutsa kanthu.

M'nkhali amaikamo chigoba cha nkhono n'kumata pakamwa ndi dothi. Zigoba za nkhono zambiri zimapotokera mbali imodzi. Mungachitembenuze bwanji m'manja, chopotokera kumanja sichisanduka chopotokera kumanzere, monga patapata wa kumanzere sangakhale wa kumanja. Koma August Möbius anazindikira mu 1827 kuti patakhala mbali yachinayi, chinthu chingatembenuzidwe n'kubwera chili ngati chithunzi chake cha m'galasi. Osunga nkhali amadikira nyengo yathunthu asanaswe dothi lija. Akuluakulu anati kuona maso a nkhono n'kudekha, ndipo kumeneko mwambiwu ndi lamulo la ntchito.

N'chifukwa chakenso palibe munthu wa ku Mbandakucha amene amaloledwa kugona pafupi ndi msampha. Wotembenuzidwa angadzuke mtima uli kumanja, koma vuto lalikulu si limenelo. Louis Pasteur anapeza mu 1848 kuti pali tinthu ta m'chilengedwe tokhala ndi ta kumanja ndi ta kumanzere, ndipo matupi athu amagwiritsa ntchito mtundu umodzi wokha wa tinthu tambiri totere. Munthu wotembenuzidwa angamadye nsima ndi ndiwo tsiku ndi tsiku koma thupi lake osapindula nazo mokwanira.

Lichero, nkhali yomata, zinthu zongotulukira mu utsi. Kodi zimenezi si ufiti?

Ndimamvetsa chifukwa chake anthu amafunsa chonchi. Tonse tinakula tikumva kuti lichero ndi ndege ya afiti. Ndinasankha lichero ndikudziwa zimenezo, chifukwa ndinkafuna kulibwezera pa ntchito yake yeniyeni, yolekanitsa chenicheni ndi gaga.

Kusiyana kwake kuli poyera. Zipangizo za ku Mbandakucha zimagwiritsidwa ntchito pabwalo, anthu akuona. Aliyense akhoza kuphunzira kuzipanga. Wopeta akawerenga ngodya, mwana wamng'ono ali ndi ufulu wowerenganso n'kumutsutsa. Ndipo chachikulu, chipangizo chilichonse chikhoza kuyankha kuti ayi. Masiku ambiri lichero limatsala mbee, nkhono imatuluka monga inalowera, ndipo amalemba zomwezo.

Nkhani yoona ya Johann Zöllner ndimaifotokoza kwa aliyense amene amafuna kusakaniza mbali yachinayi ndi mizimu. Iyeyu anali katswiri wa zakuthambo wolemekezeka ku Leipzig, ku Germany. Mu 1877 anakhulupirira Henry Slade wa ku America, amene ankati amalankhula ndi mizimu, ngakhale kuti munthuyo anali atazengedwa kale mlandu wachinyengo ku London mu 1876. Slade anatulutsa mfundo pa chingwe chomata nsonga, ndipo Zöllner anati umenewo ndi umboni wa mbali yachinayi. Koma atamupatsa mayeso ovuta kunamiza, monga kulowetsana mphete ziwiri zamatabwa zosaduka ndi kutembenuza kapotokedwe ka zigoba za nkhono, mphetezo sizinalowane ndipo zigobazo sizinatembenuke. Zöllner anapitirizabe kukhulupirira. Anali ndi mayeso abwino, koma sanalole kuti mayesowo amuuze ayi.

Ndimalimbikira pamenepa chifukwa kwathu kuno chinthu chosamvetsetseka chikachitika, chala chimathamangira kuloza agogo a m'mudzi, ndipo ena amenyedwapo, kuthamangitsidwa, ngakhale kuphedwa kumene. M'nthano zanga chinthu chodabwitsa chikachitika, anthu amathamangira kukatenga sikelo.

Ndinamva kuti mbali yachinayi ndi nthawi. Si choncho?

Munamva zoona. Mu 1908 Hermann Minkowski anaonetsa kuti maganizo a Einstein amamveka bwino mukaphatikiza malo ndi nthawi kukhala chinthu chimodzi cha mbali zinayi. Kuti mukumane ndi mnzanu, kumuuza malo sikukwanira, muyenera kumuuzanso ola. Koma nthawi ndi mbali ya mtundu wina. Kumanja mukhoza kupita n'kubwerako, pamene madzi akatayika saoleka. Zipangizo za patsamba lino zimafufuza mbali zowonjezera za malo, osati nthawi.

Kodi asayansi enieni anapezapo mbali yobisika?

Mpaka pano ayi, ngakhale afufuza mwakhama. Chiphunzitso chotchedwa string theory chimafuna mbali 10 kuphatikizapo nthawi kuti masamu ake ayende, ndipo chimene Edward Witten anafotokoza mu 1995 chimafuna 11. Koma masamu kufuna chinthu sikutanthauza kuti chinthucho chapezeka.

Pafupi ndi mzinda wa Geneva ku Switzerland, bungwe la asayansi la CERN lili ndi makina otchedwa Large Hadron Collider, ngalande yozungulira ya makilomita 27 pansi pa nthaka, mmene amaombanitsa tinthu ting'onoting'ono pa liwiro loyandikira la kuwala. Makinawa ndi amene anapeza kanthu kotchedwa Higgs boson mu 2012. Mwa zina amafufuza abale olemera a pamakwerero aja, komanso mphamvu imene yasowa pambuyo pa kuombana ngati kuti yathawira kwina. Sanapeze chizindikiro chotero.

Pa 17 Ogasiti 2017 panabwera mayeso ena ochokera kumwamba. Nyenyezi ziwiri zakufa zinaombana kutali kwambiri, mtunda umene kuwala kumayenda zaka pafupifupi 130 miliyoni. Makina a LIGO ku America ndi Virgo ku Italy anali tcheru pamene mafunde a mphamvu yokoka anafika, ndipo patangopita masekondi osakwana awiri kuwala kwake koyamba kunafikanso. Mafundewo akanakhala kuti anatayikira m'mbali zina zazikulu panjira, akanafika ofooka kuposa mmene mtundawo ukulozera. Anafika okwanira.

Ndipo mwina n'zabwino kuti zili choncho. Paul Ehrenfest anaonetsa mu 1917 kuti pakanakhala mbali zazikulu za malo zoposa zitatu, dziko silikanazungulira dzuwa mokhazikika. Likanangokankhidwa pang'ono, likanagwera m'dzuwa kapena kuthawiratu.

Pali zimene ndingayese kunyumba ndi ana?

Zilipo. Pindani waya kapena lumikizani timitengo ndi phula kupanga bokosi la mizere yokhayokha, muliike pakati pa tochi ndi khoma usiku. Mudzaona sikweya yaing'ono m'kati mwa yaikulu. Litembenuzeni pang'onopang'ono, ana aone yam'kati ikutuluka. Akamvetsa zimenezo, lichero lija alimvetsa.

Dulani pepala lalitali lopyapyala, mulipotoze theka, mumate nsonga zake. Uzani mwana ajambule mzere pakati osanyamula pensulo. Adzabwerera pomwe anayambira atadutsa mbali zonse ziwiri, chifukwa pepalalo tsopano lili ndi nkhope imodzi yokha. Möbius yemwe uja ndi Johann Listing analitulukira aliyense payekha mu 1858. Mukalidula motsatira mzerewo silikhala nkhata ziwiri, koma imodzi yaitali. Musawauze ana zimenezi asanadule.

Mchenga wouma kapena mchere pa ng'oma, kapena papulasitiki wokoka pakamwa pa ndowa, umavina mukaimba mokweza pafupi. Sinthani mawu muone pamene ukuunjikana.

Ndikufuna kupeka chipangizo changa. Ndiyambire pati?

Musayambe ndi maonekedwe ake. Yambani ndi funso lakuti: ndi chiyani chimene sichingachitike m'mbali zitatu koma chingachitike m'zinayi? Dzira kutuluka m'chigoba chosasweka, mphete ziwiri kulowana, madzi kuchepa mumtsuko wopanda mng'alu. Chipangizo chanu chikhale msampha wa chinthu chimodzi choterocho, chimodzi basi.

Kenako chipangeni ndi zinthu zimene manja a omvera anu anagwirapo. Mwana wa ku Dedza kapena ku Chipata sangachite mantha kapena chidwi ndi makina a magalasi ndi mabatani amene sanawaonepo. Koma mukamuuza kuti mtondo wa amayi ake unalira wokha kawiri pamene munsi unagunda kamodzi, sagona msanga. Pomaliza chipatseni chofooka. Sikelo ya kangaude imasokonezeka munthu akatsokomola kunja kwa nyumba, dziwe silithandiza tsiku la mphepo, lichero limafuna wopeta amene sanalire usiku umenewo, popeza misozi imasokoneza kuwerenga ngodya. M'zofookazo ndimo mumabadwira nthano, chifukwa ndimo anthu amakangana, kubwereza, kukayikirana ndi kupepesana.

N'chifukwa chiyani kumeneko kumakhala mbandakucha nthawi zonse?

Chifukwa cha zithunzithunzi. Masana dzuwa lili paliwombo, chithunzithunzi chimabisala pansi pa mapazi, ndipo usiku palibe n'chimodzi chomwe. Dzuwa likakhala m'munsi ndi pamene kamwala kakang'ono kamaponya chithunzithunzi chachitali choti munthu angachiyese ndi chingwe. Nthawi imeneyonso mphepo imakhala isanadzuke, choncho dziwe limakhala bata ndipo ulusi wa kangaude sugwedezeka.

Ndi nthawi yomweyonso imene munthu amatsegula maso loto likadali m'mutu, akulikumbukira bwinobwino koma osatha kuloza kumene linachitikira. Lichero lija ndinalilota nthawi ngati imeneyo. Ndinadzuka tambala woyamba akulira, n'kulijambula kuseri kwa kope la masamu la mwana wanga. Nditawerenga ngodya za chimene chinali m'katimo ndinapeza 14, ndipo ndinakhala pakhonde mpaka kunja kutayera ndikufufuza pamene ndinaiwala ziwiri zinazo.